Andichenjeza kuti ndikuononga Wikipedia, ndalakwanji?

A Mkonzi,
Kwathu ndi ku Mangochi koma ndimasoka zovala ku Mayfair, muno mu Joni. Ndinalemba pa Wikipedia ya Chingerezi, tsamba la pa intaneti limene aliyense angalembepo, mbiri ya ufumu wa kwathu monga anandiuzira agogo anga. Tsiku lisanathe wina anafufuta. Ndinabwezeretsa, anafufutanso, ndipo pano andilembera chenjezo loti ndikapitiriza anditsekera. Kodi ine ndine woononga?
Telala, Mayfair

Achimwene,
Ayi, sindinu woononga. Amene anthu a pa Wikipedia amamutcha vandal ndi munthu wochita dala: kutukwana, kufufuta nkhani yonse, kusintha dzina la John Chilembwe kuti anzake aseke. Malamulo awo omwewo amati wolemba ndi mtima wabwino asatchedwe choncho, ngakhale atalakwitsa.

Chakugwetsani ndi umboni. Chilichonse cholembedwa pamenepo chiyenera kukhala choti wowerenga wa ku Lagos kapena ku London angathe kukachipeza m'buku, m'nyuzipepala kapena m'magazini yodalirika. Mawu a agogo, ngakhale akhale oona chotani, amawatenga ngati kafukufuku wanuwanu, ndipo salola. Lamuloli ine limandiwawa, chifukwa mbiri yambiri ya Ayao, Achewa ndi Atumbuka ili m'mitu mwa akuluakulu, sinalembedwe. Komabe ndimalimvetsa. Mukudziwa mmene nkhani za ufumu zimatenthera kwathu. Pakanapanda lamuloli, banja lililonse lolimbirana mpando likanalemba kuti ufumu ndi wake, linzake n'kufufuta mawa lake.

Chonde musabwezeretsenso. Kubwezeretsa koposa katatu pa tsamba limodzi m'maola 24 kumatsekeretsa munthu, ngakhale wonena zoona. Machenjezo amakwera masitepe anayi: loyamba ndi laulemu, lachinayi ndi lomaliza, kenako oyang'anira amatseka akaunti. Lanu likunena kale zotsekera, ndiye mwayandikira kumapeto.

Pitani pa tsamba lokambirana la nkhaniyo, lolembedwa kuti Talk, mufotokoze mwaulemu zimene mukufuna kuwonjezera, ndipo mufunse wofufutayo chimene chikusowa. Kenako sakani umboni. Yambirani pa buku la Yohanna Abdallah, Chiikala cha Wayao, la mu 1919. Onaninso Society of Malawi Journal, mabuku a Kachere a ku Zomba, ndi nyuzipepala za The Nation ndi The Daily Times. Mukapeza, lembani m'mawu anu, osakopera, n'kutchula buku ndi tsamba lake. Ngati ufumuwo ndi wa banja lanu, neneni poyera, chifukwa kulemba za abale ako mobisa amakuona ngati kukondera.

Palinso Wikipedia ya Chichewa, ny.wikipedia.org. Nkhani zake n'zochepa kwambiri poyerekeza ndi za Chingerezi zoposa 6 miliyoni, ndipo ikusowa anthu ngati inu, ngakhale kumenekonso umboni umafunika. Ngati agogo adakali moyo, mukapita kumudzi mu Disembala muwajambule mawu pa foni, mukapereke kwa mtolankhani kapena wofufuza mbiri ku yunivesite. Zikasindikizidwa m'buku kapena m'nyuzipepala yodalirika, mudzatha kuzitchula ngati umboni.