Kodi ndi misala kuonera Malombra usiku uliwonse?

Achemwali ena andilembera imelo kuti chimwalirireni mayi awo akungoonera Malombra, filimu ya ku Italy ya 1917 yopanda mawu ija, ndipo ayamba kuvala zitenje za malemuwo moti abale akuti mutu wasokonekera. Akufunsa ngati asiye.

Achemwali, mwandigunda penipeni. Kwa amene simunaionerepo, Lyda Borelli akusewera ngati Marina, mtsikana wokhala kwa amalume ake m'mbali mwa nyanja, ndiye wapeza kalata yobisidwa ya Cecilia, mayi wa m'banja lomwelo amene mwamuna wake anamutsekera m'nyumba, basi wayamba kukhulupirira kuti iyeyo ndi Cecilia wabweranso kudzabwezera, mpaka kupha munthu.

Bambo anga atatisiya ine ndinatenga jekete yawo yabulauni yong'ambika pachigongono, ndinkaivala ngakhale dzuwa la mu Okutobala likuswa mtengo, m'thumba munali kalisiti ka kuchigayo kamene sindinkalola munthu kukakhudza, kenako ndinayamba kutsokomola ngati iwowo ndisanayankhule, kukhala pampando wawo, kukalipira ana ndi mawu awo enieni. Azakhali ankati vula imeneyo ukutiopseza. Koma ine mantha anga anali oti ndikavula ndiye kuti apitadi.

Nde anthu akamaseka Borelli kuti amanyanya, kuzikoka tsitsi, kuzipinda thupi lonse, ine zimandiwawa. Munakhalapo pasiwa inu? Chisoni chilibe ulemu. Komanso Italy inalowa nkhondo yoyamba yapadziko lonse mu 1915, asilikali ake pafupifupi 600,000 anathera komweko, azimayi ambiri oonera mafilimuwa anali ndi maliro awoawo. Nino Oxilia amene anapanga filimu ya Rapsodia satanica ndi Borelli yemweyo naye anafera kunkhondo mu 1917. Ndipo mukaipeza Cenere ya 1916 muionere, filimu yokhayo imene Eleonora Duse, katswiri wa zisudzo wa ku Italy, anasewera, ya mayi wa pachilumba cha Sardinia wosiya mwana wake, muziyang'ana manja ake basi.

Ndiye mutani?

Chitenje valani, si misala ayi. Koma Marina chinamupweteka ndi kukhala yekhayekha ndi kalata ija, nde filimuyo muzionera ndi m'bale wanu mmodzi, muzimuuza za amayi. Ngati miyezi ikupita simukudya, simukugona, pitani kuchipatala mukaonane ndi aphungu.