Ninón Sevilla ndi rumba ya m'makanema akale a ku Mexico

Mayi wina amene amawerenga zolemba zanga ananditumizira imelo sabata yatha. Akuti anaona pa YouTube kachidutswa ka kanema wakale momwe mkazi wotchedwa Ninón Sevilla akuvina motsatira ng'oma, ndipo akufunsa kuti mkaziyu anali ndani, komanso ngati rumba yake ndi yomweyi ya ku Congo imene ife tinakula tikuimva pa wailesi.

Mayi, Ninón Sevilla anabadwira ku Havana m'dziko la Cuba, ndipo dzina lake lenileni linali Emelia Pérez Castellanos. Anayamba kuvina ndi kuimba m'malo achisangalalo ausiku a kwawoko, kenako anasamukira ku Mexico nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itangotha. Anafika pa nthawi yabwino, chifukwa mu ulamuliro wa pulezidenti Miguel Alemán, kuyambira 1946 mpaka 1952, mzinda wa Mexico City unkakula mofulumira, ndalama zinkayenda, ndipo anthu ankadzadza m'malo ovinira mpaka mbandakucha.

Chimene ndikufuna kuti mumvetse ndi chakuti mayiyu sanali wongokometsera kanema ndi nkhope yake. Magule ambiri amene mukuwaona ankawakonza yekha, ndipo ankalowetsamo ng'oma ndi mavinidwe a anthu akuda a ku Cuba, zinthu zochokera kwa makolo awo amene anatengedwa ukapolo kuno ku Africa, zomwe anthu olemera a nthawiyo ankazinyoza. Mu kanema wa Aventurera wa 1950, wotsogoleredwa ndi Alberto Gout, iye ndi mtsikana amene ananyengedwa n'kukagulitsidwa kumalo achisangalalo ku Ciudad Juárez. Koma amene amandikhudza mtima kwambiri ndi Víctimas del pecado wa 1951, wa Emilio Fernández, momwe wovina amatola khanda limene linatayidwa m'bini ya zinyalala, n'kuchotsedwa ntchito chifukwa chokana kulisiya. Mu kanema yemweyo muli Pérez Prado, mfumu ya nyimbo zovina zotchedwa mambo, ndi gulu lake, komanso woimba Rita Montaner. Akuluakulu a mpingo ankadandaula kuti makanema otere akuwononga makhalidwe, pomwe ku France mnyamata François Truffaut, amene pambuyo pake anadzakhala wotsogolera makanema wotchuka, analemba moyamikira Ninón mu magazini ya zamakanema ya Cahiers du cinéma. Ovina anzake anali María Antonieta Pons, Amalia Aguilar, Rosa Carmina ndi Meche Barba, ndipo onsewa ankatchedwa rumberas, kutanthauza akazi ovina rumba.

Pa funso lanu lachiwiri, rumba ziwirizi ndi pachibale koma si chinthu chimodzi. Kuyambira 1933 kampani ya EMI inkagulitsa mu Africa malekodi a nyimbo za ku Cuba okhala ndi zilembo GV, ndipo nyimbo zambiri m'menemo zinali za mtundu wa son ngakhale kuti zinkalembedwa kuti rumba. Oimba a ku Léopoldville, womwe lero ndi Kinshasa, anazindikira kamvekedwe ka kwawo m'nyimbozo, anazitengera pa gitala ndi m'Chilingala, ndipo m'menemo munatuluka rumba ya Grand Kallé ndi Franco.

Nyengo ya makanema a rumberas itazilala, Ninón anasowa kwa zaka zambiri, koma anabwerera ndi kanema wa Noche de carnaval amene anamupezetsa mphoto ya Ariel, mphoto yaikulu ya makanema ku Mexico. Ngati munaonerapo masewero a pa TV a ku Mexico otchedwa María la del Barrio kapena La usurpadora, ndiye kuti munamuona kale ali wachikulire osadziwa kuti ndi yemwe uja wa pa YouTube. Anamwalira ku Mexico City pa 1 Januwale 2015.