Evan Goldberg samangotsamira pa Seth Rogen

Achimwene, mwafunsa ngati Evan Goldberg, wolemba mafilimu, amangodyera dzina la Seth Rogen, katswiri wosewera m'mafilimu oseketsa. Ayi ndithu. Awiriwa anakulira limodzi ku Vancouver, m'dziko la Canada, ndipo anayamba kulemba Superbad ali ndi zaka 13, ngakhale filimuyo inadzatuluka mu 2007. Goldberg saonekaoneka pa kanema, n'chifukwa chake ambiri samudziwa, koma nthabwala mumaseka zija amalemba limodzi.

Mu 2013 anayamba kuwongolera okha mafilimu ndi This Is the End. Chaka chotsatira The Interview, yonena za chiwembu chopha Kim Jong-un, mtsogoleri wa North Korea, inautsa mapiri pachigwa mpaka makompyuta a Sony, kampani imene inatulutsa filimuyo, anathyoledwa.

Ineyo ndimakondabe Superbad. Kuseri kwa kutukwana konse kuja kuli mantha enieni a anyamata awiri okondana amene atsala pang'ono kupatukana popita ku koleji.