Hard drive imeneyo isachoke m'manja mwako

Mphwanga, wafunsa m'gulu muno ngati umupatse hard drive ya filimu yako bwana amene akuifunayo. Usampatse. Ndaona ena pamwambapa akuti mwayi sudikira munthu, ati ukachedwa bwanayo apita kwa wina. Apite. Munthu woti akufuna hard drive ya filimu yako kuti akaonetse anzake a TV ku Lusaka, koma ukatchula zosainirana akuti "kodi sundikhulupirira", ine ndimamudziwa. Kaya ndi yemwe uja anandigwetsa ine kaya ndi wina, koma anthu amenewa anabadwa mimba imodzi. Post yakoyi ndaiwerenga ndili pa nsima, mbamu yachita kundikanirira pakhosi.

Ine zanga zinayamba mu 2018. Ndinajambula filimu ya ola limodzi ndi mphindi 20 kumudzi kwa amayi anga, mbali ya Katete uko, ukapatuka pa Great East n'kulowa mseu wafumbi. Nkhani yake inali ya mayi wamasiye amene abale a mwamuna wake akumulanda katundu anthu asanamete n'komwe, mpaka kukwera padenga kukazula malata. Sindinaipeke, ndi zimene anawachita azakhali anga. Mukudziwa kwathu kwa Achewa mwana ndi wa kwa amake, ndiye akuchimuna amangoti chuma cha m'bale wathu n'cha mbumba yathu. Chonsecho lamulo lilipo kuyambira 1989, loti munthu akamwalira osasiya wilo, ana atenge 50 pa 100 iliyonse, mkazi 20, makolo 20, ndipo 10 yotsalayo ipite kwa ena amene ankadalira malemuwo. Koma kumudzi ndani anawawerengerapo anthu zimenezo? Ine ndinkati filimu iwawerengere.

Ndalama zake musafunse. Matumba 14 a soya a amayi, njinga yanga yamoto, ndi chilimba cha mkazi wanga chonse. Kamera inali Canon yobwereka kwa mnyamata wojambula maukwati ku Kapata muno mu Chipata, mabatire awiri okha, tinkakatchaja pa golosale ya munthu wa sola mtunda wa ola lathunthu pa njinga yakapalasa. Mawu tinkatapa ndi kachojambulira kakang'ono ka Zoom komangirira kunsonga kwa nsungwi, titakaveka sokosi chifukwa cha mphepo ya mu Ogasiti. Amene munajambulapo kumudzi mukudziwa, ukangoti "chete, tayamba", ndiye tambala walira, mbuzi yalowa, chigayo chalizidwa. Mwini chigayo tinkamulipira kuti azitseka m'mawa. Kumanda amfumu anatikaniza, anatinso ku dambwe tisayandikireko, ndiye tinaunda kamtumbira kathu kuseri kwa munda wa thonje. Osewera anali akwaya ya kutchalitchi ndi anyamata a mpira, malipiro awo nsima ya soya pieces ndi lonjezo loti ikagulidwa aliyense alandira. Mayi wamasiye uja anasewera ndi azakhali eni ake. Masiku 19.

Editing inanditengera miyezi isanu ndi itatu m'kachipinda ku Mchini, pa laputopu yakale yotentha ngati mbaula. Chaka cha 2019 madzi anachepa ku Kariba, malaiti ankabwera pakati pa usiku, ndiye ndinkagona masana n'kumadzuka ngati mfiti.

Bwana wangayo ndinakumana naye pa msonkhano wina pa loji m'tauni muno. Galimoto yoyera, mafuta onunkhira, mafoni awiri pathebulo. Anandiitana "director". Mphwanga, palibe anali atanditchulapo choncho, kunyumba ndinali "uja wa makamera uja". Mutu unakula pomwepo. Chiyambireni Zambezi Magic mu 2015, masewero a kuno kwathu atayamba kuoneka pa dishi, aliyense wogwira kiyi wa galimoto m'manja amati ali ndi anzake ku TV, ndipo ife a kuchigawo timameza chifukwa Lusaka ili kutali, ulendo wa tsiku lathunthu. Anaonera mphindi 10 zokha, nagwedeza mutu, ati iyi ndi golide, koma akuluakulu akufuna aone zonse, ndi zosadula zomwe. Anandipatsa K1,500 ati ya sopo, ati pakatha milungu iwiri tisaina kontirakiti. Drive inali imodzi yokha ya 1TB, ndipo ndinamupatsa. Mu laputopu munalibe malo, munali project file yokha. Madzulo ake nditatsegula Premiere, pulogalamu ya editing, chilichonse chinali chofiira, "Media offline", koma ndinangoseka, ndikuti milungu iwiri si chaka.

Milungu iwiri inakhala mwezi. Poyamba ankayankha, ati bodi sinakumane, ati abwana ali ku Johannesburg. Kenako foni kungolira. Kenako nambala kulibe.

Disembala 2019 ndinakwera basi ya m'mawa kupita ku Lusaka kukamusaka, ngakhale ofesi yake sindinkaidziwa. Tadutsa Sinda, tadutsa Petauke, tadutsa Nyimba, tayamba kukhotakhota m'mapiri aja opita ku Kacholola. Kondakitala anazimitsa nyimbo za Mulungu n'kulowetsa flash ina. Ine ndinali nditatsamira pazenera ndikusinza. Chimene chinandidzutsa ndi tambala. Tambala ameneyo ndinkamudziwa, anali wa amalume, wolira mosasa mawu, ndinalimbana naye mwezi wathunthu kuyesa kumuchotsa m'chiyambi cha filimu koma anakanika. Kutukula maso, pa kaTV kakutsogolo kuja pali azakhali anga atakhala pamphasa, duku lakuda kumutu. Dzina la filimu analisintha. Pamene panali dzina langa anaika lake, ndi zilembo zachikasu zazikulu, wolemba iye, director iye, producer iye.

Chondipweteka kwambiri, anatenga kope losamaliza. Mu drive munali mafayilo awiri, iye anangotola loyamba. Ndiye pa sini imene ine ndinalira poijambula, pamene alamu awo akutsitsa malata azakhali atagwira mwana padzanja osalankhula kanthu, nsungwi ija inatsika kuchokera pamwamba, sokosi yake ya mizeremizere ili lendelende pamutu pa azakhali, ndipo mawu anga akumveka kumbuyo, "kweza iwe, kweza!" Basi yonse inafa nacho chiseko. Mayi amene ndinakhala naye pampando anaseka mpaka kupukuta misozi ndi chitenje, n'kundigwira phewa, ati "koma anthu akwathu, amayesa ndithu, vuto sukulu." Ananditambasulira pepala la nshawa zophika kuti nditapeko. Ndinatapa, mphwanga. Ndinatapa n'kuzigwira m'manja mpaka zinachita thukuta.

Kenako ndinaimirira n'kupita kutsogolo basi ikukhota, ndikugwira mipando ngati woledzera, kukauza kondakitala kuti filimuyi ndi yanga, azimitse. Anandiyang'ana kuyambira kumapazi, ati "bwana, dzina taliona lija ndi lanu?" Ndinati ayi. Ati "ndiye khalani pansi, anthu akuonera." Flash anati anakaikitsa kwa anyamata oika mafilimu mumsika, pamodzi ndi a ku Nigeria ndi a karate, K2 iliyonse. Soya wa amayi, njinga yanga, K2. Titafika pa Luangwa Bridge anthu anatsika kukagula nsomba zouma ndi madengu, ine ndinapita kuseri kwa matebulo a nsomba n'kukhala pamwala, dzuwa lili phwee, ntchentche zili ng'waa, osalira, osatani, mpaka basi inaimba hutala kachitatu.

Ndipo sizinathere pamenepo. Mbava ija inaidula filimu pakati n'kulemba "Part 1", ikuyembekeza kudyanso pa Part 2 imene sinatuluke mpaka lero. Ndiye filimu imene inafalikira m'mafoni imatha mayi wamasiye atalandidwa zonse, alamu ake akukweza malata pangolo. Mbali ya kukhoti, mbali ya lamulo ija, chifukwa chenicheni chimene ndinagulitsira njinga, kulibe. Inafika kumudzi pa memory card ya mnyamata wina wochokera ku Katete boma. Anthu anadziona. Akwaya anadziona. Kwa iwo munthu akaoneka pa TV ndiye kuti ndalama zalowa, ndipo wadya ndi ine. Ndinaitanidwa kwa amfumu, ndinakhala pansi pa mtengo wa mango anthu atandizungulira, mkulu wina n'kunena kuti mwana wa uje wagulitsa nkhope zathu ku Lusaka. Amayi anapereka mbuzi kuti nkhani izizire. Azakhali sanandikalipire. Anangondifunsa tili awiri kukhitchini kuti, "Nanga paja anandibwezera malata paja, unachotseranji?" Mpaka lero ndikanakonda akanandimenya ndi mthiko.

Munthu ameneyo ndikadzakumana naye sindikudziwa. Ndimamva kuti akadali kuyendayenda m'zigawo ndi galimoto ina, kuitana ana a eni "director". Sadziwa kugwira kamera, sadziwa kusiyana kwa lens ndi chivindikiro chake, ntchito yake ndi kununkhira basi. Ndinapita kwa loya wina, funso loyamba ati pepala lili kuti. Lachiwiri ati zojambula zoyambirira zili kuti, zoti zitsimikize kuti wajambula ndiwe. Zonse zinali mu drive yomweyo, makadi a kamera ndinali nditafufuta kalekale pojambula maukwati. Ndalama imene anatchula kuti ayambe mlandu inaposa imene ndinapangira filimu. Boma linabweretsa hologram mu 2013 yomata pa ma CD ndi ma DVD kuti akuba agwidwe, koma ndani akugula DVD lero, ndipo pa flash umata pati?

Ndiye ndikuti usampatse. Koma usamuthamangitsenso, ndimve bwino. Ine chichokereni nkhani ija sindikhulupirira munthu, ndipo zotsatira zake ndi zoti filimu yanga yachiwiri yakhala m'kabati zaka zitatu, aiona ndi mkazi wanga ndi mphemvu. Kuuma mutu kwanganso sikunandipindulire kanthu. Kuno ku Chipata kulibe wogula filimu, ogula ali ku Lusaka, ndipo pakhomo pawo sulowa wekha wopanda wokugwira dzanja. Mwa anthu onunkhirawa ena ndi enieni. Kusiyanitsa kwake ndiye kumene sindinakuphunzire.

Chita izi. Gula drive yachiwiri lero, ngakhale ukongole, ukope zonse, ina ikagone kwa amayi ako osati nyumba imodzi ndi inzake. Bwanayo mpatse mphindi 10 zokha, zochepetsedwa quality, dzina lako litalembedwa pakati penipeni pa chithunzi, osati pakona pamene angadule. Akati akuluakulu akufuna yonse, kwera basi upite naye, drive ili m'thumba la buluku, uikemo wekha mu kompyuta yawo, uchotsenso wekha. Pepala asaine, nambala ya chitupa chake cha NRC ilembedwe, mboni ikhalepo, ndipo kampani imene akutchulayo ukaifufuze ku PACRA, kolembetsa makampani, ngati ilipodi. Ngakhale kunena zoona wakuba amasaina mosangalala, cholembera amabweretsa yekha. Pepala lofunika kwambiri ndi la osewera ako, aliyense asaine kuti walandira zingati ndipo adzalandira liti, chifukwa amene adzakukhazike pansi pa mango ndi iwowo, bwana adzakhala kulibe.

Ndipo akatulutsa ndalama yooneka, kashi pathebulo, gulitsa. Fodya wako ndi amene ali pamphuno. Ine ndi ukali wonsewu, akanandiikira K20,000 tsiku lija ndikanamupatsa ndi dzina lomwe, ndikanawombola njinga, akwaya akanalandira.

Ena m'gulu muno mumakonda kutchula Rungano Nyoni, ati onani mwana wa Zambia anatenga BAFTA, mphotho ya mafilimu ya ku Britain, mu 2018. Zoona, ndipo timanyadira, koma kumbuyo kwake kunali mabungwe a ku Britain ngati BFI ndi Film4, ndalama zolembedwa, maloya, inshuwalansi. Sanagulitse soya wa amake. Ngati zaka zikukulola, yesa sukulu ya mafilimu ya MultiChoice Talent Factory ku Lusaka, inayamba mu 2018, maphunziro olipiriridwa, ndipo kumeneko ukadziwana ndi anthu a TV pamaso osadzera mwa wapakati. Maukwati usasiye. Ine amene akundidyetsa ndi ma kitchen party, Nc'wala ku Mtenguleni mu Febuluwale ndi Kulamba ku Mkaika mu Ogasiti, ndipo ndinasiya kuchita nazo manyazi.

Loweruka ndimakhala cha ku Kapata kuyambira 10 koloko. Ndili ndi drive ya 500GB imene ilibe kanthu, ngati zako zingakwanemo ndilembere ku inbox ubwere udzakope. Ubwere ndi NRC, udzandisainira kuti udzabweza.