Kanema "wosalankhula" kapena "wopanda mawu"?

Mphunzitsi wina wa ku Chibavi kuno ku Mzuzu walemba kuti anaonetsa ophunzira ake kanema wa mu 1896, wa ulendo wa mfumu Nicholas II ya ku Russia mumzinda wa Paris. Akuti polemba pa bolodi anakakamira: kodi ndi kanema wosalankhula kapena wopanda mawu? Nanga mfumuyo inayendera Paris kapena inakacheza?

Aphunzitsi, lembani "wopanda mawu". Mukaonetsetsa makanema a nthawi imeneyo, anthu akutsegula pakamwa, akukweza zipewa, mahatchi akuponda msewu. Analankhula ndithu, ena mpaka kufuula. Chimene chinalephera ndi kamera. Kamera yopangidwa ndi abale awiri a ku France otchedwa Lumière, imene inayamba kuonetsa makanema kwa anthu olipira pa 28 Disembala 1895, inali yopukusa ndi dzanja, inkatenga zithunzi zokha, ndipo filimu yake inkatha mphindi imodzi isanakwane. Mawu sanalowemo. "Wosalankhula" timanena munthu amene ali ndi vuto la kulankhula, kapena wongokhala duu pamsonkhano, ndiye liwuli likuika vuto pa anthu amene analibe vutolo. Ndamvanso ena akuti "wopanda phokoso". Ayi, phokoso ndi losokosa, ngati la maminibasi pa depoti. Palibe amene ankafuna kulichotsa m'kanemamo.

Musaiwale w: kanema mmodzi ndi wopanda, makanema ambiri ndi opanda. Ana athu akumumeza kwambiri w ameneyu polemba pa foni, ndipo zimandipweteka ndikaziona m'makope.

Funso lachiwirilo ndilo lokoma. Kuyendera kuli ndi udindo mkati mwake. Woyendera amakaona ngati zinthu zili bwino pamalo amene ali m'manja mwake. N'chifukwa chake akuluakulu amakumbukira Kamuzu akuyendera mbewu m'minda nyengo ya dzinja, amayi akuimba m'mbali mwa msewu. Minda inali ya m'dziko lake. Alangizi amayendera alimi, akulu a maphunziro amayendera sukulu yanuyo.

Nicholas II sanali mwini wa France. Anafika ngati mlendo wa pulezidenti Félix Faure mu Okutobala 1896, naika mwala wa maziko a mlatho wa Alexandre III pa mtsinje wa Seine. Mlendo sayendera mudzi wa eni ake, amacheza. Pa bolodi palembedwe kuti: "kanema wopanda mawu woonetsa mfumu ya ku Russia ikucheza ku Paris mu 1896".