Za amayi a maduku aatali a ku Senegal, ndi anzawo a ku Zambezi

Achemwali, zikomo poponya chithunzi chija cha amayi a ku Senegal ovala maduku aatali osongoka, ndolo ndi zibangili zagolide. Mwafunsa ngati amayiwa anali zibwenzi chabe za azungu, monga ena akunenera, kapena ngati ndi ngwazi zoti tizifotokozera ana athu aakazi, komanso ngati kufupi ndi kwathu kuno kunali otere. Mundipirire, nditalikitsa, chifukwa mayankho awiri onsewo sakundikhutiritsa.

Amayiwa ankatchedwa masignare, ndipo mbiri yawo yagona pa zilumba ziwiri. China ndi Saint-Louis, pamathiriro a mtsinje wa Senegal, pamene Afalansa anakhazikika mu 1659. China ndi Gorée, kachilumba kakang'ono koyang'anizana ndi pamene pali mzinda wa Dakar lero, kamene Afalansa analanda kwa Adatchi mu 1677. Azungu amene makampani a malonda ankawatumiza kumeneko ankabwera okha, opanda akazi. Chiwolofu, chinenero cha kumeneko, sankachimva, njira za kumtunda sankazidziwa, ndipo mvula ikayamba malungo ankawapulula. Kuwonjezera apo kampani inkawaletsa kuchita malonda awoawo pambali. Tamuonani munthu wotereyu: malipiro ochepa, thupi lodwaladwala, golide akudutsa pamaso pake koma lamulo lamumanga manja. Womutsegulira khomo anali mayi wa pamalopo, wodziwa chinenero, wokhala ndi abale kwa mafumu a kumtunda, wodziwa kokagula mchewere ndi kusamala wodwala. Katundu amene mzungu sakanatha kugulitsa m'dzina lake ankayenda m'dzina la mkaziyo.

Ndiye zoti zinali zibwenzi zobisalira ine ndikukana. Unali ukwati wodziwika, ngakhale sunali wa kutchalitchi. Mwamuna ankapempha kwa makolo a mkazi, ankapereka mphatso, phwando linkachitika anthu akuona. Aliyense ankadziwiratu kuti ukwatiwo udzatha tsiku limene mwamunayo adzakwere chombo kubwerera kwawo kapena kulowa m'manda. Ana ankatenga dzina la bambo wawo, koma nyumba, akapolo ndi katundu zinkatsala m'manja mwa mayi, ndipo mayiyo anali womasuka kukwatiwanso ndi mlendo wina wobwera pambuyo. Pakadutsa mibadwo iwiri itatu, panali mabanja a makaladi okhala ndi nyumba zamiyala zosanja, zosiyirana kuchokera kwa mayi kupita kwa mwana wamkazi. Angerezi analanda Saint-Louis mu 1758 n'kukhalapo mpaka 1779, analandanso mu 1809 n'kubweza mu 1817. Mbendera zinkasinthana choncho, abwanamkubwa ankabwera n'kupita, koma eni nyumba anali omwewo, ndipo wobwera aliyense ankayenera kugwirizana nawo kuti adye ndi kuchita malonda.

Chuma chawo chinkachokera kuti? Apa m'pamene ndikufuna tikhale pansi. Chaka chilichonse madzi akadzaza mumtsinje, ngalawa zinkakwera mpaka ku dziko la Galam, ulendo wa miyezi ingapo, zitanyamula mchere, nsalu, mikanda ndi mfuti, n'kubwerako ndi golide, minyanga ya njovu ndi anthu ogulidwa. Panalinso malonda a utomoni wa mitengo ya minga ya m'chipululu, umene mafakitale a nsalu ku Ulaya ankaufuna kwambiri. Ankaugula kwa anthu a ku Trarza ndi Brakna posinthanitsa ndi nsalu zabuluu zochokera ku India. Masignare ena anali ndi ngalawa zawozawo pa maulendo amenewa. Koma phindu lawo lodalirika linali anthu. Opalasa ngalawa, akalipentala, omanga nyumba, osula zitsulo, ambiri anali akapolo a amayiwa, ndipo ankawabwereketsa ku kampani n'kulandira malipiro a thukuta lawo. Akapolo aakazi ndiwo ankasinja mchewere wodyetsa asilikali, amalinyero ndi anthu otsekeredwa podikira chombo cha ku America. Kalembera wa pa Gorée wa mu 1767 amasonyeza kuti mayi mmodzi, Caty Louette, anali ndi akapolo 68, pa kachilumba koti munthu amakazungulira wapansi osatopa. Anne Pépin, amene anali pafupi kwambiri ndi bwanamkubwa Boufflers m'zaka za m'ma 1780, anali wa banja lomwe linamanga nyumba imene lero alendo amakaiona monga chikumbutso cha ukapolo, ija anafikako Papa John Paul II mu 1992 ndi Barack Obama mu 2013. Banja linkagona pamwamba, zipinda zapansi n'kukhala za katundu ndi akapolo.

Olemba mbiri amanena kuti akapolo apakhomo kawirikawiri sankagulitsidwa kutsidya kwa nyanja, ndiponso kuti Gorée linali doko laling'ono poyerekeza ndi Luanda ku Angola kapena Ouidah ku Benin. N'zoona, ndipo ndi bwino kuzinena. Komabe munthu wosagulitsidwayo sanali mfulu. Golide amene mukumuona pachithunzipo ankavekedwanso atsikana akapolo oyenda pambuyo pa mayiyo pa masiku a zikondwerero, kuti mudzi wonse uone kulemera kwa mbuye wawo. Ngakhale chikondwerero cha nyali chotchedwa fanal, chimene anthu a ku Saint-Louis amachitabe kumapeto kwa chaka, chinayamba ndi masignare popita ku Misa ya usiku wa Khirisimasi, antchito awo ali patsogolo ndi nyali zokongoletsedwa.

Mphamvu zawo zinayamba kuchepa m'zaka za m'ma 1800. France inathetsa ukapolo m'madera ake mu 1848, ndipo chipukuta misozi chinapita kwa eni akapolo, osati kwa akapolowo. Makampani akuluakulu a ku Bordeaux analanda malonda, mtedza unalowa m'malo mwa utomoni, Dakar inakhazikitsidwa mu 1857 n'kuphimba Gorée, ndipo azungu anayamba kubwera ndi akazi awo. Ana ndi zidzukulu za masignare anakhalabe pamwamba pa ndale za Saint-Louis kwa nthawi yaitali, mpaka Blaise Diagne, wobadwira pa Gorée pomwepo, anapambana mpando wa ku nyumba ya malamulo ya ku Paris mu 1914.

Amene akuganiza kuti amayi otere ankangotsamira amuna amve za Bibiana Vaz wa ku Cacheu, m'dziko limene lero ndi Guinea-Bissau. Boma la Apwitikizi litafuna kuletsa amalonda a pamalopo kugulitsana ndi zombo za mayiko ena, mu 1684 mayiyu ndi anzake anagwira mkulu wa asilikali woimira mfumu ya Portugal, José Gonçalves de Oliveira, n'kukamusunga ku Farim miyezi 14, malonda akuyendetsa okha. Pambuyo pake anamangidwa n'kutumizidwa ku Cape Verde, koma anakhululukidwa, chifukwa chuma chake chinali m'manja mwa abale ake kumtunda kumene boma silikanafika, ndipo Apwitikizi ankaopa kuyambana ndi mafumu amene anali kumbali yake. Ku Luanda nako kunali Dona Ana Joaquina dos Santos e Silva, mwini zombo zopita ku Brazil, mmodzi mwa anthu olemera kwambiri mumzindawo m'zaka za m'ma 1800, ndipo katundu wamkulu wa zombozo anali anthu.

Tsopano funso lanu lomaliza, limene kwa ine ndi lalikulu. Inde, analipo, ndipo sitiyenera kuwoloka nyanja kuti tiwapeze. M'chigwa cha Zambezi, kuyambira ku Quelimane kudutsa Sena mpaka ku Tete, kunali amayi otchedwa madona. Apwitikizi anagawa dziko la kumeneko m'zigawo zikuluzikulu zotchedwa prazo, zoperekedwa kwa banja kwa mibadwo itatu. Boma linkafuna kuti malowo azipita kwa ana aakazi, ndipo anawo azikwatiwa ndi amuna obadwira ku Portugal, poganiza kuti potero azungu achuluka m'chigwamo. Zinayenda mwina. Amuna ochokera ku Portugal anali ochepa ndipo ankafa msanga, ambiri okwatira madona anali ochokera ku Goa, ku India, kapena makaladi anzawo, ndipo dona mmodzi ankatha kuika m'manda amuna awiri atatu, malo ake akungokulirakulira. Ife a chikamwini izi sizitidabwitsa: mwamuna ankabwera ngati mkamwini, mudzi ndi munda zili za mkazi, ndipo anthu a pamalopo, ozolowera kuti mbumba imayendera kuchikazi, ankamvera dona kuposa mlendo amene wamukwatira.

Dona ankayenda pa machila, ankalankhula chinenero cha anthu ake, ankalandira msonkho wa chimanga, mapira, nkhuku, uchi ndi minyanga kwa mafumu a m'dera lake, ndipo anali ndi asilikali ake, akapolo onyamula mfuti otchedwa Achikunda. Dzina limeneli a ku Nsanje, Chikwawa, Tete, Zumbo ndi Luangwa akulidziwa bwino, poti zidzukulu zawo zilipo mpaka lero. M'zaka za m'ma 1750, Dona Inês Gracias Cardoso atayambana ndi mwamuna wake, amene anakhalapo bwanamkubwa wa Macau ku China, anamutumizira asilikali n'kumupirikitsa pamalo ake, ndipo akuluakulu a boma anavutika kwambiri kuti amugonjetse. Ku Tete kunali Dona Francisca Josefa de Moura Meneses, amene anthu anamupatsa dzina loti Chiponda. Iyeyu anali ndi malo ndi migodi ya golide kumpoto kwa Zambezi, m'dziko la Amaravi. Mu 1798 bwanamkubwa wa Chipwitikizi Francisco de Lacerda atafuna kunyamuka ku Tete kupita kwa Mwata Kazembe, pofuna kupeza njira yolumikiza Mozambique ndi Angola, anasowa amtengatenga, ndipo amene anamupulumutsa anali Chiponda, pomupatsa akapolo ake, ambiri mwa iwo akazi. Lacerda anamwalira atangofika m'dziko la Kazembe chaka chomwecho. Ulendo wa mfumu ya Portugal, woyendetsedwa ndi bwanamkubwa, sukanasuntha popanda thandizo la mayi wa ku Tete.

Koma taimani pa akazi onyamula katundu aja. M'migodi ya golide ya kumpoto kwa Zambezi, okumba ndi kusefa mchenga ambiri anali akapolo aakazi, m'magulu oyang'aniridwa ndi mayi wamkulu wotchedwa nyakoda. Migodi imeneyi inali m'dziko la Undi, ufumu womwewo wa Gawa Undi amene Achewa a ku Malawi, Zambia ndi Mozambique amakamulambira ku Mkaika, ndipo kulowa kwa eni migodi ndi Achikunda awo ndi chimodzi mwa zinthu zimene zinafooketsa ufumuwo. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1800 malonda a akapolo opita ku Brazil atakula pa doko la Quelimane, eni maprazo ena anayamba kugulitsa ngakhale alimi a pamalo awo omwe, amene ankayenera kuwateteza. Tikamakamba za madona, tisaiwale kuti ambiri a ife, tikatsata mzere wa makolo athu m'chigwa cha Shire kapena ku Maravia, tipezeka kumbali ya osinja, okumba ndi onyamula machila.

Ndiye mwana wanga wamkazi ndingamuuze za amayiwa? Ndingamuuze ndithu, ndipo ndimakwiya kuti kusukulu tinamva za Vasco da Gama ndi Livingstone koma Chiponda sitinamumveko. Ndingamuuze kuti panali akazi a mu Africa amene ankasunga mabuku a malonda, kukhala ndi zombo, kukongoza azungu ndi kutsutsana ndi abwanamkubwa, pa nthawi imene mkazi wokwatiwa ku France kapena ku England analibe ulamuliro wotere pa chuma chake. Nzeru zawo ndi kulimba mtima kwawo sindikuzichepetsa, ndipo ndikudziwa kuti ena mwa iwo anali ana kapena zidzukulu za akapolo, obadwira m'dziko limene munthu ankakhala wogula kapena wogulidwa. Chimene sindingachite ndi kuwatcha ngwazi. Ngwazi kwa ine ndi munthu amene mphamvu zake zinamasula ena, ndipo mphamvu za amayiwa zinkakula pamene chiwerengero cha anthu omangidwa pakhomo pawo chikukula. Ndikamuonetsa chithunzi chanu chija, ndimuuzanso kuti afunse amene anachapa nsalu yoyerayo ndi amene anapalasa ngalawa yokatenga golideyo.

Madona a ku Zambezi anatha mosiyana ndi anzawo a ku Senegal. Chilala ndi dzombe za m'zaka za m'ma 1820, kugulitsa anthu mosaganiza kuja, ndiponso nkhondo za Angoni ndi Agaza, zinagwetsa maprazo akale ambiri. Zwangendaba anawoloka Zambezi mu 1835 dziko lili kale pa chisokonezo. Mabanja ochepa amphamvu anatsala m'malinga awo, monga a Cruz a ku Massangano, amene anamenyana ndi asilikali a Portugal kwa zaka zambiri. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1800 boma linapereka malowo kwa makampani, monga Companhia de Moçambique ndi Companhia da Zambézia, kenako minda ya nzimbe ya Sena Sugar Estates. Dzina la dona linatsala pa mlatho wautali wa njanji pakati pa Sena ndi Mutarara, wa Dona Ana uja, umene unamangidwa m'zaka za m'ma 1930 kuti katundu wa Nyasaland azifika ku Beira. Msonkho umene kale unkapita kwa dona unayamba kupita ku kampani, pamodzi ndi ntchito yokakamiza ya chibalo, ndipo zimenezi n'zimene zinathamangitsa mabanja ambiri a Asena kuwoloka malire kudzakhala ku Nsanje ndi Chikwawa.