Bulawuza yosadya bandulo komanso yosunga chinsinsi: yankho kwa wophunzira wa ku Lizulu

Mchemwali wina wa ku Lizulu m'boma la Ntcheu, amene akuphunzira ku LUANAR ku Bunda, wandilembera kufunsa bulawuza (pulogalamu yotsegulira masamba a pa intaneti) yomwe ingayende bwino pa laputopu yake yakale ndi pafoni, osamaliza bandulo msanga, komanso osapereka zinsinsi zake kwa anthu amalonda.

Achemwali, mavuto anu awiriwa ali ndi gwero limodzi. Mukatsegula tsamba la nkhani, pamodzi ndi mawu amene mukufuna kuwerenga mumabweranso zotsatsa malonda, makanema oyamba okha, ndi timapulogalamu tobisika tolemba kumene mwadutsa pa intaneti, ndipo zonsezi zimalipiridwa ndi bandulo yanu ya Airtel kapena TNM. Mukazitsekera kunja, tsamba limapepuka ndipo okutsatirani amachepa.

N'chifukwa chake ine ndimalimbikitsa Firefox, yopangidwa ndi a Mozilla kuyambira 2004, ndipo muikemo kowonjezera kaulere kotchedwa uBlock Origin. Kamagwira ntchito pa kompyuta ndi pa foni za Android, ndipo ndiko kamachotsa katundu wosafunikayo. Ngati simukufuna kuvutika ndi zoikamo, Brave, yomwe idatuluka mu 2016, imatsekereza zotsatsa ikangoikidwa. Komabe pa laputopu ya RAM (memore yogwirira ntchito) yochepa, musasiye matabu ambirimbiri ali otsegula, chifukwa palibe bulawuza imene ingapirire zimenezo.

Opera Mini ndiyofunika kuimvetsa bwino, popeza ambiri kwathu kuno amaikonda, ndipo netiweki ikavuta m'mapiri a ku Tsangano imathandizadi. Imasunga bandulo podutsitsa masamba pa makina a kampani ya Opera, amene amawafinya asanafike pafoni panu. Werengerani nkhani pamenepo ngati mukufuna, koma potsegula potolo ya sukulu, imelo kapena akaunti ya ku banki, gwiritsani ntchito bulawuza ina kuti zinsinsi zanu zisadutse pa makina amenewo.

Musadalirenso Incognito, njira yotsegulira masamba mwachinsinsi imene ili mu bulawuza. Imangofufuta mbiri pa chipangizo chanucho, pamene oyendetsa Wi-Fi ya pasukulu amaonabe mawebusayiti amene mwalowa.

Pofufuza zinthu, DuckDuckGo sisunga mbiri ya zofufuza zanu. Polemba ma asainimenti, LibreOffice ndi yaulere ndipo safuna intaneti, pomwe Zotero imasunga bwino mndandanda wa mabuku amene mwagwiritsa ntchito. Mapulogalamu akuluwa mukawatsitse mukabwerera ku Bunda pa Wi-Fi, kuchokera pa mawebusayiti a eni ake, osati pa fulashi yongobwerekana mu hositelo, chifukwa mavairasi ambiri amayendera m'menemo.